Malikisi Pabwalo la Milandu: Mbiri ya Madandaulo a Ophunzira pa Zotsatira za Mayeso

M'chaka cha 1966, munthu wina wotchedwa Thorne anafika ku Bwalo la Apilo mumzinda wa London ndi dandaulo limene aliyense amene analepherapo mayeso angalimvetse. Iye analemba mayeso a digiri ya zamalamulo pa yunivesite ya London, koma zotsatira zitatuluka anapezeka kuti mapepala ena walephera. Thorne sanakhutire. Anati ochonga mayeso anagwira ntchito yawo mosasamala, choncho anapempha bwalo kuti lilamule yunivesiteyo kumupatsa chipukutamisozi komanso malikisi oyenera zimene analemba. Oweruza sanatsegule n'komwe mapepalawo. Woweruza Diplock anati nkhani ya mayeso ndi ya m'nyumba mwa yunivesite, ndipo woyenera kuimva ndi mkulu mmodzi yekha amene malamulo a Angerezi ankamutcha Visitor, kutanthauza Woyendera.

Chigamulochi sichinali chachilendo. Chinatsamira pa mfundo imene inali itakhazikika kwa zaka pafupifupi 300, ndipo panapitanso zaka 38 Nyumba ya Malamulo isanaichotse. Nkhani ino ikulondoloza mbiri ya mfundoyo ku England, kumene mayiko ambiri a kuno kwathu anatengera malamulo awo ndi kayendetsedwe ka sukulu zawo zaukachenjede. Funso limene mbiriyi yakhala ikulimbana nalo ndi limodzi: wophunzira akaona kuti zotsatira za mayeso ake zamulakwira, akadandaule kwa yani, ndipo womumverayo angamuthandize mpaka pati?

Nyumba ya eni ake

Makoleji akale a ku Oxford ndi ku Cambridge sanamangidwe ndi boma. Anamangidwa ndi mabishopu, mafumu ndi anthu ena achuma amene ankapereka malo ndi ndalama ngati mphatso yachifundo. Womanga koleji ankalembanso malamulo oyendetsera kolejiyo, n'kusankha munthu woti aziiyendera iye atamwalira, kuona ngati malamulowo akutsatidwa ndi kuthetsa mikangano ya anthu okhalamo. Mwachitsanzo, koleji ya Exeter ku Oxford inakhazikitsidwa m'chaka cha 1314 ndi Walter de Stapledon, bishopu wa ku Exeter, ndipo udindo woiyendera unakhala wa mabishopu olowa m'malo mwake. Udindo wa Woyendera unali wofananako ndi wa nkhoswe m'banja. Nkhani ya m'nyumba imayamba yapita kwa ankhoswe, ndipo mfumu ikaona kuti eni banja adumpha ankhoswe awo, imawabweza. Kusiyana kwake n'kwakuti ku England mawu a Woyendera ankakhala omaliza.

Mfundoyi inalimbitsidwa pa mlandu wa Philips ndi Bury. Arthur Bury anali mkulu wa koleji ya Exeter, ndipo m'chaka cha 1690 Bishopu Jonathan Trelawny, monga Woyendera, anamuchotsa paudindo. Nkhaniyi itafika ku bwalo la King's Bench, mkulu wa oweruza, John Holt, anasiyana maganizo ndi anzake. Iye anati womanga koleji ndiye mwini malamulo a kolejiyo, ndipo amene mwiniyo anamusankha kukhala woweruza ndiye yekha angamasulire malamulowo. Mabwalo a mfumu alibe mphamvu yofufuza ngati waweruza bwino kapena ayi. M'chaka cha 1694 bwalo la House of Lords, limene linali lalikulu kuposa onse, linagwirizana ndi Holt. Mlanduwu sunakhudze wophunzira kapena mayeso, komabe ndiwo unadzatsekera ophunzira khomo la bwalo kwa mibadwo yambiri.

Patangopita zaka zochepa panabuka mlandu wina umene unadzala mbewu yosiyana. Richard Bentley, katswiri wotchuka wa Chigiriki ndi Chilatini komanso mkulu wa koleji ya Trinity ku Cambridge, anakangana ndi anzake pa ndalama zimene ankalipiritsa anthu olandira digiri ya udokotala pa zaumulungu. Mmodzi mwa iwo, Conyers Middleton, anakamusumira ku bwalo la yunivesite, ndipo Bentley ananyozera bwalolo. M'chaka cha 1718 yunivesite inamulanda madigiri ake onse popanda kumuitana kuti adzayankhepo. Bwalo la King's Bench litamva nkhaniyi m'chaka cha 1723 linati kulandako kunali kosalungama, ndipo chaka chotsatira madigiriwo anabwezedwa. Woweruza Fortescue anakumbutsa anthu kuti ngakhale Mulungu anayamba wamuitana Adamu ndi kumufunsa asanamupatse chilango. Bentley sanali munthu wofatsa, ndipo ambiri ankaona kuti wadziputira yekha mavuto. Koma bwalo linanena kuti ngakhale wamwano ayenera kumvedwa.

Choncho pofika pakati pa zaka za m'ma 1700 panali mfundo ziwiri zoyenda moyandikana. Yoyamba inkati za m'nyumba mwa yunivesite n'za eni nyumba. Yachiwiri inkati palibe munthu woyenera kulandidwa chake asanamvedwe. Milandu yonse ya ophunzira imene inabwera pambuyo pake inali kukokana kwa mfundo ziwirizi.

Mayeso a London ndi ophunzira akutali

Yunivesite ya London inakhazikitsidwa m'chaka cha 1836, ndipo poyamba ntchito yake sinali kuphunzitsa koma kulembetsa mayeso ndi kupereka madigiri. Kuyambira m'chaka cha 1858 inalola kuti munthu alembe mayeso ake ngakhale sanaphunzire pa koleji iliyonse yolumikizana nayo. Apa ubale wa wophunzira ndi yunivesite unasintha. Wolemba mayeso sanalinso mwana wa m'nyumba wodyera pa tebulo limodzi ndi aphunzitsi ake. Anali munthu wakunja amene walipira ndalama, walemba mayeso, n'kumadikira zotsatira. Kunali koyenera kufunsa ngati munthu wotereyu angatumizidwenso kwa Woyendera. Yankho linabwera m'chaka cha 1864, pamene munthu wina wotchedwa Thomson anasumira yunivesiteyo pa mkangano wa mendulo ya golide imene inkaperekedwa kwa wopambana mayeso a udokotala pa zamalamulo. Woweruza Kindersley anati kachongedwe ka mayeso ndi kagawidwe ka mphoto ndi nkhani za Woyendera. Chigamulo chimenechi ndicho chinadzagonjetsa Thorne patapita zaka 102.

Nkhaniyi sinali ya ku London kokha. Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha, makoleji angapo a m'mayiko olamulidwa ndi Britain analowa mu ubale wapadera ndi yunivesite ya London: koleji ya Ibadan ndi ya Gold Coast m'chaka cha 1948, ya Makerere m'chaka cha 1949, kenako koleji ya Rhodesia ndi Nyasaland imene inalandira chikalata chachifumu m'chaka cha 1955 n'kuyamba kuphunzitsa ku Salisbury m'chaka cha 1957. Ophunzira a m'makolejiwa ankalandira madigiri a London, ndipo mayeso awo ankadutsa m'manja mwa ochonga a ku London mogwirizana ndi aphunzitsi a pamalopo. Mnyamata wochokera ku Nyasaland kapena ku Northern Rhodesia amene ankaphunzira ku Salisbury ankalandira digiri yake kuchokera ku yunivesite yomweyo imene inayankha mlandu wa Thorne. Mayunivesite a Malawi ndi Zambia atatsegulidwa m'zaka za 1965 ndi 1966, anatengera zambiri za mwambo umenewu, kuphatikizapo kuitana wochonga mayeso wochokera ku yunivesite ina kuti adzaunike ntchito ya anzake.

Mlandu wina wofunika wa nthawi imeneyo unachokera ku Ceylon, dziko limene tsopano ndi Sri Lanka. Wophunzira wina wotchedwa Fernando analemba mayeso omaliza a sayansi ya zinyama, ndipo m'mayesomo munali ndime ya Chijeremani yoti amasulire. Mnzake wina wamkazi anakanena kwa akuluakulu kuti anaona mawu a ndimeyo m'kope la Fernando mayeso asanalembedwe. Komiti yofufuza inamva mboniyo Fernando palibe, kenako inamuitana, n'kumuuza mlandu wake ndi kumva mbali yake. Atapezeka wolakwa analetsedwa kulemba mayeso a yunivesiteyo. M'chaka cha 1960 bwalo la Privy Council ku London linati yunivesite inali ndi udindo wochita chilungamo, koma udindowo inaukwaniritsa, popeza Fernando anauzidwa mlandu wake mokwanira ndipo sanapemphe kuti afunse mboniyo mafunso. Fernando anagonja, komabe mlandu wake unakhazikitsa mfundo yakuti munthu wonenezedwa kubera mayeso ayenera kuuzidwa chimene akumuneneza ndi kupatsidwa mpata woyankha.

Mlandu umene unaola

Akuluakulu amati mlandu suola. Ophunzira awiri a pa yunivesite ya Aston mumzinda wa Birmingham, Roffey ndi Pantridge, anaphunzira kuti m'mabwalo a ku England mlandu umaola. Iwo analephera maphunziro ena m'mayeso a m'chaka cha 1967, ndipo atalembanso analepheranso. Malamulo a yunivesiteyo ankapatsa ochonga mayeso ufulu wosankha pakati pa kulola wophunzira kubwereza chaka ndi kumuchotsa sukulu. Posankha, ochongawo sanayang'ane malikisi okha. Anakambirananso za moyo wa ophunzirawo ndi mavuto awo, koma eni akewo sanaitanidwe. M'chaka cha 1969 bwalo linaona kuti pamene ochonga mayeso asiya malikisi n'kuyamba kuyeza moyo wa munthu, ayenera kumumva munthuyo. Komabe linakana kuthandiza chifukwa odandaulawo anatha miyezi yambiri asanafike kubwalo. Mfundo inapambana, koma eni mlandu anabwerera chimanjamanja.

Chiyembekezo chimene mlandu wa Aston unapereka sichinakhalitse. M'chaka cha 1978 wophunzira wina wotchedwa Patel, amene anachotsedwa pa yunivesite ya Bradford atalephera mayeso kawiri, anati yunivesiteyo inalibe Woyendera chifukwa palibe amene anasankhidwa. Woweruza Megarry anayankha kuti yunivesite yokhazikitsidwa ndi chikalata chachifumu singakhale yopanda Woyendera: ngati sanatchulidwe, ndiye kuti Woyenderayo ndi Mfumukazi yomwe, kudzera mwa Lord Chancellor. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1980 mayi wina wotchedwa Vijayatunga, amene ntchito yake ya kafukufuku wa udokotala inakanidwa pa yunivesite ya London, anadandaula kuti amene anasankhidwa kuyesa ntchitoyo sanali akatswiri a gawo lenileni la kafukufuku wake. Woyendera anati kusankha oyesa ndi ntchito ya akatswiri, ndipo mabwalo anavomereza. Kenako m'chaka cha 1992, pa mlandu wa Edgar Page, mphunzitsi amene anachotsedwa ntchito pa yunivesite ya Hull, bwalo la House of Lords linati Woyendera akamasulira molakwika malamulo a m'nyumba, bwalo silingamukonze. Lingalowererepo pokhapokha wapitirira malire a mphamvu zake, wagwiritsa ntchito mphamvuzo molakwika, kapena waphwanya mfundo za chilungamo.

Otchinjiriza dongosololi anali ndi zifukwa zawo. Ankati kwa Woyendera sikunkafunika ndalama zambiri ngati kubwalo, ndipo iye anali ndi ufulu wofufuza nkhani mozama kuposa woweruza wamba. Koma otsutsa ankaloza zinthu zooneka ndi maso. Oyendera ambiri anali mabishopu, anthu aulemu wapadera kapena Mfumukazi, ndipo ntchito yeniyeni inkagwiridwa ndi anthu ena m'malo mwawo. Panalibe njira imodzi yodandaulira. Zigamulo zambiri sizinkasindikizidwa, choncho wophunzira sankadziwa mmene nkhani zofanana ndi yake zinathera. Nkhani zinkachedwa, pamene kwa wophunzira chaka chimodzi chotayika chimatanthauza ntchito yotayika ndi anzake omusiya m'mbuyo. Ndiponso ophunzira ambiri sankadziwa n'komwe kuti yunivesite yawo ili ndi Woyendera.

Pangano la wophunzira ndi yunivesite

Chimene chinagwetsa dongosolo lakaleli si chigamulo cha bwalo koma kukula kwa maphunziro. Lamulo la m'chaka cha 1992 linalola masukulu a ntchito zaluso otchedwa mapolitekiniki kukhala mayunivesite. Mayunivesite atsopanowa anakhazikitsidwa ndi lamulo la Nyumba ya Malamulo, osati ndi chikalata chachifumu, choncho analibe Woyendera. Zotsatira zake zinali zakuti ophunzira awiri a mumzinda umodzi, odandaula chinthu chimodzi, ankapita kosiyana: wina kwa bishopu kapena kwa nduna ya Mfumukazi, wina kubwalo la milandu. Kuwonjezera apo, kuyambira m'chaka cha 1998 ophunzira anayamba kulipira fizi ya mapaundi 1,000 pachaka, imene ku England inakwera kufika pa 3,000 m'chaka cha 2006 ndi 9,000 m'chaka cha 2012. Munthu wolipira ndalama zotere amayamba kufunsa chimene wagula.

Mlandu wa Clark ndiwo unaonetsa njira yatsopano. Mayiyu anali m'chaka chake chomaliza pa yunivesite ya Lincolnshire and Humberside m'chaka cha 1995, ndipo ankalemba nkhani yofukula sewero la Tennessee Williams lotchedwa A Streetcar Named Desire. Tsiku lopereka ntchitoyo litayandikira, zimene analemba zinafufutika m'kompyuta, ndipo iye anangopereka zolemba zimene anatapa m'mabuku a ena. Poyamba anapezeka wolakwa pa mlandu wokopera ntchito ya eni. Atadandaula, mlandu wokoperawo unachotsedwa, koma ntchitoyo inapatsidwa ziro, ndipo pamapeto pake analandira digiri ya gulu lachitatu. Anakasuma ponena kuti yunivesite yaphwanya pangano lake ndi iye posatsata malamulo ake omwe. M'chaka cha 2000 Bwalo la Apilo linavomereza kuti pakati pa wophunzira ndi yunivesite pali pangano, ndipo bwalo lingamve dandaulo lakuti panganolo laphwanyidwa. Koma Woweruza Sedley anaika malire. Anati funso lakuti pepala liyenera malikisi angati, kapena kuti wophunzira ayenera digiri ya gulu liti, n'la akatswiri a phunzirolo, ndipo woweruza akalilowerera angangoononga. Funso lakuti yunivesite inatsata malamulo ake ndi limene bwalo lingaliyankhe.

Malire amenewa sanali a ku England kokha. Ku America, m'chaka cha 1985, Bwalo Lalikulu linakana kuthandiza Scott Ewing, wophunzira zaudokotala amene yunivesite ya Michigan inamuchotsa atalephera mayeso ofunika, ngakhale kuti ena olephera mayeso omwewo ankaloledwa kulembanso. Oweruza onse anagwirizana kuti bwalo lisasinthe chiganizo cha aphunzitsi pokhapokha chitapatuka kwambiri pa mwambo wa maphunziro, moti n'kuoneka kuti aphunzitsiwo sanagwiritse ntchito ukatswiri wawo n'komwe.

Kutha kwa Woyendera

Lamulo la ufulu wachibadwidwe la m'chaka cha 1998, limene linayamba kugwira ntchito m'chaka cha 2000, linawonjezera chikayiko pa udindo wa Woyendera, popeza linatsindika za ufulu womvedwa poyera ndi woweruza wosakondera. Pomaliza, lamulo la maphunziro apamwamba la m'chaka cha 2004 linachotsa mphamvu za Woyendera pa madandaulo a ophunzira ku England ndi ku Wales. M'malo mwake munalowa ofesi yoima payokha yotchedwa Office of the Independent Adjudicator, imene inayamba ntchito mwalamulo mu Januwale 2005 motsogozedwa ndi Ruth Deech. Wophunzira salipira kanthu pokadandaula kumeneko. Ayenera kuyamba watsata njira zonse zodandaulira za pa yunivesite yake, n'kulandira kalata yotsimikiza kuti njirazo zatha, ndipo kuchokera pamenepo amakhala ndi miyezi 12 yoperekera dandaulo lake. Ofesiyi ingalangize kuti nkhani imvedwenso, kuti wophunzira alembenso mayeso popanda chilango, kuti apepesedwe kapena apatsidwe chipukutamisozi.

Koma lamulo lomwelo, m'gawo 12, linaletsa ofesiyi kumva dandaulo lokhudza chiweruzo cha akatswiri pa maphunziro. Mfundo ya Holt inatulukira pakhomo n'kulowanso pazenera. Woyendera anachoka, koma malikisi anakhalabe m'manja mwa eni nyumba. Chimene chinasintha n'chakuti zonse zozungulira malikisiwo zinakhala zofunsika: ngati pepala linachongedwa ndi anthu awiri monga malamulo anenera, ngati malikisi anawonkhetsedwa bwino, ngati kalata ya kuchipatala ya wophunzira inafika kwa komiti ya mayeso, ngati wochonga anali ndi chidani kapena ubale ndi wophunzirayo, ngati wolumala anapatsidwa thandizo lomuyenera.

Ena anayesabe kudzera njira ya chipukutamisozi. Faiz Siddiqui anamaliza maphunziro a mbiri yakale pa koleji ya Brasenose ku Oxford m'chaka cha 2000, ndipo analandira digiri ya gulu lachiwiri lapamwamba m'malo mwa gulu loyamba limene ankayembekeza. Patapita zaka zoposa khumi anasumira yunivesiteyo, kufuna ndalama zokwana mapaundi miliyoni imodzi. Sanatsutse kachongedwe, koma anati phunziro la mbiri ya India linaphunzitsidwa moperewera chifukwa aphunzitsi anayi mwa asanu ndi awiri a mbiri ya ku Asia anali patchuthi cha kafukufuku. Bwalo linavomera kumva mlanduwo, zimene m'nthawi ya Thorne sizikanatheka. Koma mu Febuluwale 2018 Woweruza Foskett anaukana: kaphunzitsidwe sikanaperewere mofika pa kusasamala, panalibe umboni wakuti ndiko kunatsitsa digiriyo kapena kuononga ntchito ya wodandaulayo, ndiponso nthawi yosumira inali itadutsa.

Ufulu woona pepala

Kupambana kwina kwa olemba mayeso kunachokera kumene sankayembekezera, ku malamulo okhudza ufulu wodziwa zinthu. Kwa zaka zambiri pepala la mayeso likachoka m'manja mwa wolemba silinkaonekanso, ndipo munthu ankadandaula za chinthu chimene sanachione. M'chaka cha 2011 Bwalo Lalikulu la ku India, pa mlandu wa Aditya Bandopadhyay, linagamula kuti malinga ndi lamulo la m'chaka cha 2005 la ufulu wodziwa zinthu, wolemba mayeso ali ndi ufulu woona pepala lake lochongedwa, ngakhale kuti ufuluwo sutanthauza kuti pepalalo lichongedwenso. M'chaka cha 2017 bwalo la mgwirizano wa mayiko a ku Ulaya linanena zofanana pa mlandu wa Peter Nowak wa ku Ireland, amene analephera kanayi mayeso ena a ntchito yowerengera chuma: mayankho a wolemba mayeso pamodzi ndi ndemanga za wochonga ndi uthenga wokhudza munthuyo. Milandu iwiriyi sinali ya mayunivesite, koma mfundo yake inafika ndi kumeneko. Wochonga amene akudziwa kuti ndemanga zake zidzawerengedwa amachonga mosamala, ndipo wophunzira amene waona pamene analakwitsa nthawi zambiri sapitiriza mkangano.

Chimene mbiriyi yasiyira chigawo chino

Mayunivesite aboma a ku Malawi, Zambia ndi Zimbabwe amayendetsedwa ndi malamulo a Nyumba za Malamulo za mayikowo, ndipo kusintha kwa ndale kwa m'zaka za m'ma 1990 kunapatsa ophunzira chida chimene Thorne analibe. Gawo 43 la malamulo oyendetsera dziko la Malawi a m'chaka cha 1994 limapatsa munthu aliyense ufulu wakuti chiganizo cha akuluakulu chomukhudza chikhale chotsata malamulo, chopangidwa m'njira yachilungamo ndiponso chogwirizana ndi zifukwa zimene zaperekedwa. Limamupatsanso ufulu wolandira zifukwazo molembedwa. Malamulo omwewo anakhazikitsa ofesi ya Ombudsman. Ku South Africa ufulu wotere uli m'gawo 33 la malamulo a m'chaka cha 1996, ndipo lamulo la m'chaka cha 2000 limene linaumasulira limafuna kuti munthu ayambe watsata njira zam'kati, kenako afike kubwalo asanathe masiku 180. Ku Zimbabwe uli m'gawo 68 la malamulo a m'chaka cha 2013. Ku Malawi ndi ku Zambia, pempho lakuti Bwalo Lalikulu liunikenso chiganizo cha akuluakulu liyenera kuperekedwa mwachangu, isanathe miyezi itatu. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko, ndipo ayenera kuchitsekula msanga.

Mbiriyi ikuonetsa kuti pa zaka 300 zapitazi chimene wophunzira wapindula si mphamvu yosinthitsa malikisi, koma ufulu wofunsa mmene malikisiwo anabwerera. Pali chifukwa chomveka chimene mabwalo amakanira kuchonga mayeso. Woweruza amene anaphunzira zamalamulo sangadziwe ngati yankho la masamu apamwamba kapena la zaudokotala n'lokwanira, ndipo digiri yoperekedwa molamulidwa ndi bwalo ingatsitse ulemu wa madigiri a ena onse. Wodwala amene adzagone pamaso pa dokotala ali ndi gawo lake pa nkhani ya mayeso a dokotalayo, ngakhale sadzaitanidwa kubwalo.

Komabe malire amenewa ali ndi ngozi yake. Khoswe akakhala pamkhate sapheka, ndipo mphunzitsi wopanda chilungamo amene wabisala m'dzina la ukatswiri ndi wovuta kumugwira, chifukwa womukantha amaopa kuswa mkhate. Malikisi otsitsidwa chifukwa cha chidani, tsankho la mtundu kapena kukanidwa chibwenzi amaoneka chimodzimodzi ndi malikisi otsika chifukwa cha ulesi wa wophunzira. N'chifukwa chake chitetezo chenicheni chimagona m'zinthu zooneka zazing'ono zimene zimachitika mlandu usanabuke: nambala m'malo mwa dzina pa pepala la mayeso, wochonga wachiwiri, wochonga wochokera ku yunivesite ina, kusunga mapepala kwa nthawi yodziwika, komiti yomva madandaulo imene simukhala wochonga yemwe akudandaulidwayo, ndi kalata yofotokoza zifukwa.  

Kumbuyo kwa mlandu uliwonse wa mtundu umenewu kuli zambiri kuposa nambala ya papepala. M'chigawo chino, kumene malo a ku yunivesite ndi ochepa ndipo fizi ya mwana mmodzi imatha fodya kapena chimanga cha banja lonse, kuchotsedwa sukulu chifukwa cha malikisi awiri kapena atatu kumagwetsa chiyembekezo cha mbumba yonse. Thorne, Pantridge, Patel ndi Vijayatunga onse anatuluka m'bwalo opanda chimene anapitira. Koma wophunzira wa lero amene walandira kalata yomuchotsa sukulu angafunse lamulo limene latsatidwa, angapemphe zifukwa molembedwa, ndipo angafune kumvedwa ndi anthu ena osati amene anamulepheretsa. Yunivesite ikakana kuyankha mafunso amenewo, nkhaniyo siikhalanso ya m'nyumba.